KODI ADAMUFUNSA?

Kwathu ndi ku Manyamula, m'boma la Mzimba, ndipo inu amene mudafikako mukudziwa kuti kumeneko bambo amayesedwa ndi zinthu ziwiri: ng'ombe zimene ali nazo m'khola ndi ana amene ali nawo ku Joni. Adada athu, chifukwa cha kuuma mutu kwawo, adawonjezapo chachitatu. Iwo adati mwa ana awo asanu, mmodzi yekha ndiye apite ku Joni, otsalawo apite kusukulu mpaka sukuluyo ithe. Ndi chifukwa chake ine ndidafika pano pakati panu, ndiponso ndi chifukwa chake mlongo wanga wopondana nane adapita ku sukulu ina ya ukachenjede ya boma imene sinditchula dzina m'nkhani muno. Dzinalo ndalisiya dala, pakuti zimene zidamuchitikira zikhoza kuchitika pa sukulu iliyonse, ngakhale pano pomwe, ndipo sindifuna kuti wina awerenge nkhaniyi n'kudzitonthoza kuti zimenezo ndi za kwa eni.

Udali mwezi wa Okutobala 2022, dzuwa likuswa mtengo, tonse tili patchuthi. Kuseri kwa khola lathu kuli chulu pamene foni imagwira bwino, ndipo m'mawa wina mlongo wangayo adakwerapo kukaona zotsatira za mayeso a chaka chake chachiwiri. Adakhalitsa. Amama adatuma mng'ono wathu wa Sitandade 5 kukamuuza kuti phala likuzizira, koma mwanayo adabwerako yekha n'kunena kuti adumbu angokhala pansi pachulupo, sakuyankha. Nditapita ine, adangondipatsira foni ija osanena kanthu. Padali mizere yochepa ya Chingerezi. Maphunziro awiri adalephera ndi malikisi ochepa, ndipo zimenezo adaziyembekezera, pakuti adadwala malungo sabata ya mayeso. Malinga ndi malamulo a sukuluyo, awiriwo akadangolemba sapu. Koma pa phunziro lachitatu, limene iye ankalikonda kuposa onse, adamulembera 36, ndipo 36 ameneyo adakokera malikisi ake onse pansi pa mzere. Mawu otsiriza ankanena kuti asabwererenso kusukuluko.

Ife a pasukulu tili ndi liwu lathu la zimenezi. Timati munthu wawidedwa, ndiye kuti wazulidwa monga udzu m'munda wa chimanga. Liwuli timaseka nalo m'mahositelo ndi kukafeteriya, koma sindidamvepo munthu akuseka nalo kumudzi. Chaka chimenecho adada adagulitsa ng'ombe imodzi mwa ziwiri za pagoli kuti fizi ya awirife ikwane, pakuti ndalama zimene akulu athu ankatumiza kuchokera ku Joni zidachepa ntchito itawathera. Inu a m'tauni mwina simudziwa kuti kugulitsa ng'ombe imodzi ya pagoli n'chimodzimodzi kugulitsa zonse ziwiri, chifukwa yotsalayo singakoke pulawo kapena ngolo yokha. Kuyambira pamenepo kulima kwathu kudali kobwereka kwa asibweni, ndipo wobwereka amalima mwini ng'ombe atamaliza, mvula yoyamba itapita. Choncho 36 uja adatipeza titaluza kale ng'ombe ndi theka la nkhokwe.

Madzulo ake adada adatiitanira ku sangweni. Kwa ife Angoni a ku Mzimba, sangweni ndi pakhomo pa khola pamene amuna amakhala, ndipo ndi pamene mlandu wa pamudzi umayambira usadapite kwa nduna kapena kwa inkosi. Mwana wamkazi saitanidwa kumeneko wamba, kotero kuitanidwa kwakeko kudasonyeza kuti adada aiona nkhaniyi ngati mlandu. Mlongo wanga adagwada chapatali nafotokoza. Adati pa phunzirolo malikisi 60 adali a mayeso otsiriza, ndipo 40 adali a ntchito ya m'kati mwa chaka, nkhani imodzi yolemba ndi tesiti imodzi. Zonse ziwiri adalemba, zonse ziwiri adakhoza, mapepala adamubwezera. Kuti apeze 36, ndiye kuti pa mayeso otsiriza sadalembe kanthu, chikhalirecho adadzaza timabuku tiwiri. Adada adamvetsera mpaka kumapeto, kenaka adatembenukira kwa ine nafunsa m'Chitumbuka, "Kasi bakamufumba?" Ndiko kunena kuti, kodi adamufunsa?

Ndidayankha kuti kusukulu ya ukachenjede safunsa munthu, amangotulutsa zotsatira. Adada adakhala chete pang'ono, ndipo adati, "Mwana wanga, ngakhale munthu amene tamugwira usiku ali ndi mbuzi paphewa timamukhazika pansi, timamufunsa kuti mbuziyi ukupita nayo kuti. Mwina ndi yake. Mwina waitola ikudya m'dimba mwa wina. Tsono anthu ophunzira kwambiri amenewo athamangitsa bwanji mwana osamufunsa?"

Ndiulule pano kuti ndidawamvera chisoni, poganiza kuti sadziwa m'mene dziko likuyendera. Ine ndidali nditakhala pasukulu zaka zitatu, ndipo ndinkakhulupirira zimene tonsefe timakhulupirira: kuti Seneti ikanena yanena, ndi kuti khoswe akakhala pa mkhate sapheka, pakuti mphunzitsi amene ukumudandaula lero ndi yemweyo adzachonge pepala lako chaka chamawa. Mantha amenewa tidachita kulandira kwa amene adatitsogolera. Pa 25 Seputembala 1987 Jack Mapanje, mmodzi mwa amene adayambitsa gulu la alembi ku Chancellor College mu 1970, adatengedwa ndi apolisi ku Zomba ali mkulu wa gawo la Chingerezi, nakhala m'ndende ya Mikuyu mpaka Meyi 1991 osaonekera m'bwalo la milandu. Ngati mkulu wa gawo ankatha kutengedwa popanda womufunsa, mwana wa chaka chachiwiri akadalimba mtima bwanji kupempha kuti aone pepala lake? Nthawi imeneyo idapita, koma chizolowezi chowerama chidatsalira m'makhonde mwathu, ndipo timapatsirana monga m'mene timapatsirana manotsi akale.

Komabe ngakhale m'masiku a chipani chimodziwo adalipo ophunzira amene adakana kuwerama. Kwathu kumpoto nkhani ya kota aidziwa ndi agogo omwe. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980 adayamba kusankha opita ku yunivesite potsata boma limene munthu akuchokera, ndipo ana ambiri a kumpoto okhoza bwino adatsala pakhomo. Ophunzira ena adatengera khonsolo ya Yunivesite ya Malawi ku bwalo lalikulu la milandu, pa mlandu umene m'mabuku a malamulo umadziwika kuti wa Mhango ndi anzake, ndipo mu 1993 bwalolo lidagamula kuti kasankhidwe kameneko kadali ka tsankho. N'zoona kuti kota idabwereranso mu 2009, ndipo boma lidalengeza za kuithetsa mu 2020, koma chimene mlanduwo udatiphunzitsa sichidafufutike: yunivesite ikhoza kuitanidwa kubwalo ndi mwana wake yemwe, n'kuluza. Chaka chotsatira, mu 1994, dziko lidalandira malamulo aakulu atsopano. Ndime 43 ya malamulowo imapatsa munthu aliyense ufulu woti ofesi ya boma ikamapanga chiganizo chomukhudza ichite motsata lamulo ndi mwa njira yachilungamo, ndiponso kuti imuuze zifukwa zake molemba. Funso la adada lija lidali litakhala m'malamulo a dziko zaka 28, ine wa ku yunivesite osadziwa.

Amene adandiuza zimenezi ndi mnzanga wina wophunzira za malamulo amene tinkagona naye chipinda chimodzi. Ndidamuimbira kuchokera pa chulu chomwe chija, cholinga changa chili chongofuna kuti adada aone kuti ndayesako. Safunsa adadya phula. Mnzangayo adayamba ndi kundichenjeza kuti ndichotse m'mutu maganizo akuti woweruza adzatenga cholembera chofiira n'kuchonganso pepala la mlongo wanga. Makhoti athu adatengera zambiri ku malamulo a Angerezi, ndipo kumeneko adanena kalekale kuti funso lakuti pepala ili liyenera 45 kapena 55 ndi la aphunzitsi. Pa mlandu wa Clark ndi Yunivesite ya Lincolnshire and Humberside mu 2000, bwalo la apilo la ku England lidavomereza kuti wophunzira akhoza kusumira yunivesite ikaphwanya pangano lake, koma lidanenanso kuti pali nkhani zina za maphunziro, monga malikisi oyenera pepala, zimene khoti silingaweruze. Zimene khoti limayang'ana ndi njira imene chigamulo chidadzera. Kodi amene adagamula adali ndi mphamvu yotero? Kodi adatsata malamulo amene sukuluyo idadzilembera yokha? Kodi adawerengera malikisi onse? Kodi padalibe chidani kapena kukondera? Kodi mwini nkhani adamupatsa mpata wolankhula? Wodandaula kuti adamuchongera moumira ali ndi mlandu wofooka. Wodandaula kuti ntchito yake ina sadaiwerengere n'komwe ali ndi mlandu wolimba.

Kenaka adandiwerengera makomo amene munthu angagogode, ndipo adati ndondomeko yake ndi yofunika. Khomo loyamba lili m'kati mwa sukulu momwemo. Buku la malamulo a ophunzira, lija timalandira chaka choyamba n'kulisandutsa chopondera chitseko, limanena m'mene munthu angachitire apilo, kwa yani, ndi pasadathe masiku angati. Woweruza kawirikawiri amafuna kuona kuti udayamba wayesa njira imeneyi. Khomo lachiwiri ndi kalata yopempha zifukwa molemba, monga ndime 43 inenera, ndipo chiyambire Seputembala 2020 palinso lamulo lopatsa nzika mphamvu yopempha zolembedwa zimene maofesi a boma akusunga. Khomo lachitatu ndi ofesi ya Ombudsman, imene idakhazikitsidwa ndi malamulo omwewo a 1994 kuti izifufuza madandaulo a anthu ochitiridwa zosalungama pamene palibe njira ina yapafupi yowathandizira. Kumeneko salipiritsa, safuna loya, ndipo ali ndi nthambi ku Mzuzu. Khomo lachinayi ndi bwalo lalikulu, pa njira imene maloya amaitcha judicial review, ndiko kupempha woweruza kuti aunike chigamulo cha ofesi ya boma. Umayamba wapempha chilolezo, ndipo ukapambana, bwalo limafafaniza chigamulocho n'kubweza nkhani kwa eni ake kuti aionenso mwachilungamo. Njirayi imadya ndalama, ngakhale kuti wosauka akhoza kupempha loya ku Legal Aid Bureau. Za anzathu a m'sukulu zimene si za boma, mnzangayo adati iwo chodalira chachikulu ndi pangano, pakuti adalipira fizi ndipo sukulu idalonjeza kutsata malamulo ake, komanso akhoza kudandaula ku bungwe la NCHE limene limayang'anira sukulu za ukachenjede.

Nditafotokozera adada zonsezi, adagwedeza mutu nati tidikire mvula igwe, tibzale, ndiye tidzaione bwino nkhaniyi, pakuti mlandu suwola. Apa mpamene nzeru ya ku sangweni idasiyana ndi ya kukhoti. Kwathu mlandu wa ng'ombe za malowolo ukhoza kugona zaka khumi, adzukulu n'kudzaudzutsa. Kukhoti mlandu wa mtundu uwu umawola, ndipo umawola msanga. Wopempha judicial review ayenera kutero mwachangu, pasadathe miyezi itatu chigamulo chiperekedwere. Mnzanga uja adandisimbira za ophunzira a pa Yunivesite ya Aston ku Birmingham amene adachotsedwa sukulu atalephera mayeso obwereza. Mu 1969 bwalo lidapeza kuti yunivesiteyo idalakwa powachotsa osamva mbali yawo, komabe lidakana kuwathandiza chifukwa adachedwa kubwera kudzadandaula. Adali olungama, koma adabwerera chimanjamanja. Apilo ya m'kati mwa sukulu ya mlongo wanga ndiye idali yothina koposa, masabata awiri okha, ndipo masiku asanu adali atapita kale ife tikulira. Ndikaganiza za ana a kumidzi ngati yathu amene amaona zotsatira pachulu, kutali ndi ofesi, opanda ya basi, ndimaona kuti ambiri amaluza pamenepa, mlandu wao usadamveke n'komwe.

Chotsatira chidali umboni. Mlongo wanga adakumbukira kuti mapepala awiri aja adabwera nawo patchuthi cha pakati pa chaka, koma m'chikwama chake mudalibe. Tidagwedeza nyumba yonse. Tidayang'ana pansi pa matiresi, tidavundukula makatoni, tidafunsa mng'ono wathu ngati adakutira nawo makope ake. Amama adatiyang'ana nthawi yonseyi ali pamtondo, ndipo titatopa adalowa kuchipinda natulutsa sutikesi yachitsulo imene adada adabwera nayo kuchokera ku migodi. Amama sawerenga Chingerezi, koma pepala lililonse lokhala ndi inki yofiira amaliona ngati chinthu cha boma, ndipo amalisunga pamodzi ndi makadi a ubatizo ndi malisiti a feteleza. M'menemo mudali malipoti athu kuyambira Sitandade 1. Chapamwamba padali nkhani yolemba ija, 14 pa 20, ndi tesiti ija, 13 pa 20, zonse zili ndi nambala ya mlongo wanga ndi siginecha ya mphunzitsi. Tidawerengera pamchenga monga ana a sukulu: 14 ndi 13 ndi 27, ndipo 27 kuphatikiza 36 ndi 63. Amama adafunsa ngati 63 ndi wabwino. Tidawauza kuti ndi wabwino, ndipo adabwerera pamtondo.

Kalata tidailemba usiku womwewo. Ine ndidafuna kuikamo mawu otentha, a nkhanza ndi tsankho, koma mnzanga uja adati tichotse zonsezo. Adati kalata ya apilo inene zinthu zinayi basi: chigamulo chimene ukudandaula ndi tsiku lake, cholakwika chenicheni, umboni umene uli nawo, ndi chimene ukupempha. Usatukwane munthu, pakuti amene ukumutukwanayo mwina ndiye adzatsegule kabati. Idakwana tsamba limodzi. M'mawa tidakwera njinga yamoto mpaka pa boma la Mzimba, tidachita fotokope mapepalawo katatu, enieniwo n'kuwabwezera m'sutikesi ya amama. Asibweni adatibwereka ya basi, ndipo mlongo wanga adayenda tsiku lathunthu yekha. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Ku ofesi adamuuza kuti asiye kalatayo patebulo. Iye adakana mwaulemu kuchoka mpaka adamudindira chidindo cha tsikulo pa kope yake, monga tidapangana, pakuti kalata yopanda chidindo ikasowa ndiye kuti sudalembe. Adalipira ndalama ya apilo, adasunga lisiti, nabwerera ku Manyamula kukadikira.

Masabata asanu ndi limodzi adapita kuli zii. Mvula idagwa, tidabzala mochedwa ndi ng'ombe zobwereka, anzake adatsegulira sukulu iye akupalira chimanga. Akazi a pachitsime adayamba kunong'ona kuti mwina ali ndi pakati, chifukwa kumudzi mtsikana sabwerera kusukulu pa chifukwa chimodzi chokha. Chakumayambiriro kwa Disembala tidalemba kalata yachiwiri. M'menemo tidatchula ndime 43, tidapempha kuti atiuze molemba malikisi a gawo lililonse la phunzirolo ndi zifukwa za kuchotsedwa kwake, ndipo tidanena mosaopseza kuti miyezi itatu ikutha mu Januwale, kotero tikapanda kumva kanthu tidzapita nayo nkhaniyi kwina. Yankho lidabwera Khirisimasi itangopita. Lidati komiti yapeza kuti malikisi a ntchito ya m'kati mwa chaka adalembedwa pa mzere wa wophunzira wina wa mfunda wofanana ndi wathu, amene adasiya sukulu pakati pa chaka koma dzina lake lidatsalira pa mndandanda. Mfunda wathu ndi wofala ku Mzimba, ndipo maina awiriwo adali oyandikana. Malikisi ake enieni adali 63. Adaloledwa kulemba masapu awiri aja, ndipo adakhoza, koma maphunziro adali atapita patali, kotero adauzidwa kuti adikire kalasi yotsatira. Chaka chathunthu chidapita chifukwa cha chala chimene chidatsetsereka mzere umodzi. M'kalatamo mudalibe liwu lakuti pepani.

Sindikufuna kuti nkhaniyi imveke ngati kuti wophunzira aliyense wodandaula ndi wolungama, chifukwa sutikesi yomwe ija idandigwira inenso. Chaka changa choyamba ndidalephera phunziro lina, ndipo ndidauza aliyense wofuna kumva kuti mphunzitsiyo amadana ndi anthu a kumpoto. Ndidanena kangapo mpaka ine ndemwe ndidakhulupirira. Tsiku lija tikufufuza mapepala a mlongo wanga, ndidapeza tesiti yanga ya phunziro lomwelo. M'mphepete mwake mphunzitsiyo adalemba ndi inki yofiira kuti ndayankha bwino funso limene iye sadafunse, ndipo ndikamuone ku ofesi. Sindidapiteko. Ndidawerenga funsolo ndili chogwada pa sutikesi, ndipo ndidaona kuti ankanena zoona. Ndikadakhala ndi ndalama nthawi imeneyo, bwenzi nditavutitsa munthu wosalakwa ndi maloya. Ndi bwino ndithu kuti woweruza sachonga mayeso, chifukwa digiri imene ingapezeke mwa kuopseza mphunzitsi ndi khoti ndi pepala lokulungira usipa.

Chaka chatha ndidayamba kuthandiza kuchonga mapepala a chaka choyamba, ndipo tsopano ndikuiona nkhaniyi kuchokera kuseri kwa tebulo. Ndaona mulu wa timabuku wofika m'chiuno, masiku ochonga ali ochepa, magetsi atazima, maso akuyabwa. Ndalemba malikisi mu kompyuta pakati pa usiku, maina ofanana atandandalikana, ndipo ndagwirapo chala changa chikutsetsereka. Mphunzitsi wa mlongo wanga sindimuyesanso mfiti. Chimene ndimadandaula n'chakuti pakati pa chala chake ndi kalata yochotsa mwana sukulu padalibe munthu ndi mmodzi yemwe amene adadabwa kuti wophunzira wopeza 36 pa 60 m'mayeso otsiriza angakhale bwanji wopanda kanthu pa ntchito ya chaka chonse. Kumuitana n'kumufunsa kukadatenga mphindi zisanu.

Kwa inu aphunzitsi athu ndinene mwaulemu kuti malamulo aakulu amene ndikutchulawa ndi anunso. Ndime 33 imateteza ufulu wa maphunziro, ndipo ndi umene umakupatsani mphamvu yophunzitsa ndi kuchonga popanda nduna ya boma kapena kholo lolemera kukugwirani dzanja. Mu Febuluwale 2011 mkulu wa apolisi ataitanitsa Blessings Chinsinga kukamufunsa za zimene adaphunzitsa m'kalasi ku Chancellor College, aphunzitsi adanyanyala ntchito miyezi yambiri, ndipo anzawo ena atachotsedwa ntchito adathamangira kubwalo la milandu. Adachita bwino. Adafuna kuti munthu asachotsedwe popanda chifukwa chomveka ndiponso asadamvedwe. Wophunzira wopempha kuona pepala lake akupempha chinthu chomwecho, kuchokera m'buku lomwelo, masamba ochepa kutsogolo. Sakukuchotserani ulemu. Pepala lochongedwa mwachilungamo silichita manyazi kuonedwa ndi mwini wake.

Choncho ndikupempha zinthu zazing'ono zimene sizifuna ndalama za boma. Malikisi a ntchito ya m'kati mwa chaka aziikidwa poyera mayeso otsiriza asadayambe, kuti wosowa dzina adandaule nthawi ikadalipo. Munthu asadachotsedwe sukulu, aziitanidwa, ngakhale pa foni, kuti anene ngati ali ndi mawu. Apilo izionedwa ndi anthu ena osati amene adagamula poyamba, ndipo iziyankhidwa msanga, pakuti n'kosalungama kupatsa wophunzira masabata awiri pamene ofesi yadzipatsa miyezi yosawerengeka. Ndipo kwa anzanga ophunzira ndikuti: werengani buku la malamulo lija lero, musadalifune. Sungani pepala lililonse lochongedwa mpaka mutavala mkanjo. Mukadandaula, lembani, ikani tsiku, dinditsani kope yanu. Muyambe mwadzifunsa moona mtima ngati mwalakwiridwa kapena mwangolephera, ndipo mukapeza kuti mwalakwiridwa musadikire mvula.

Kalata yomaliza ija adada adafuna kuti iwerengedwe ku sangweni, pamaso pa asibweni ndi amuna ena a pamudzi, kuti manong'onong'o a pachitsime athe. Ndidaiwerenga m'Chingerezi, kenaka ndidaimasulira m'Chitumbuka. Nditamaliza adafunsa ngati pomaliza pake adamufunsa mwanayo. Ndidati sadamufunse pamaso, koma adawerenga zimene adalemba. Adati zimenezo n'zofanana, bola adamva. Asibweni adafunsa ngati sukuluyo ilipira chaka chimene chatayikacho, monga amalipirira munthu amene ng'ombe zake zadya m'munda mwa mnzake. Ndidati zimenezo zikadafuna mlandu wina, loya ndi zaka zina, ndipo mlongo wanga adati iye akungofuna kubwerera m'kalasi. Anzake amene adayamba nawo adavala mikanjo iye akadali ndi chaka china patsogolo, ndipo adapita kukawaimbira m'manja.

Mu 2024 adada adagula kamthena kakang'ono kwa munthu wina wa ku Embangweni kuti kaphunzire goli pambali pa ng'ombe yotsala ija. Chaka choyamba mizere ya m'munda mwathu idatuluka yokhotakhota, pakuti yaikulu inkakoka mwamphamvu kuposa yaing'ono. Mapepala awiri aja akadali m'sutikesi ya amama, pamodzi ndi kope ya chidindo, lisiti la apilo, ndi tesiti yanga ija imene ndidapempha kuti aitaye koma adakana.